Kamera m'nyumba ya Amma

M'boma la Pathanamthitta, m'chigawo cha Kerala kumwera kwa India, muli nyumba zikuluzikulu zimene mumagona nkhalamba imodzi kapena ziwiri basi. Ana adapita kukagwira ntchito ku Gulf, ku Ulaya ndi ku America. Ndalama zimafika mwezi ndi mwezi, eni ake n'kumaoneka pa chikondwerero cha Onam kapena pa Khirisimasi. Otsutsana athu ndi ana awiri a mayi wamasiye wa m'nyumba yotereyi. Wamng'ono ndi mwamuna, ali pantchito ku Sharjah, ndipo akufuna kuika zipangizo zoyendera intaneti m'nyumba ya mayi ake. Wamkulu ndi mkazi, mphunzitsi ku Kochi. Mayiwo amawatchula kuti Amma, ndipo mwamunayo mchemwali wake amamuitana kuti Chechi, monga amachitira kwawoko.

MCHIMWENE: Chechi, ine sindikupempha zambiri. Kamera pageti, ina pabalaza, ina kukhitchini. Alamu yolira gasi akamatuluka. Mababu oyaka okha munthu akamadutsa usiku. Swichi yozimitsa pampu thanki ikadzaza, paja Amma amaiwala, madzi n'kumasefukira padenga mpaka aneba atakuwa. Ndi kasipika ka Alexa koti azingokauza kuti kayatse fani. Chibwerereni kampani ya mafoni ya Jio mu 2016, intaneti ku India si chinthu chodandaulitsanso thumba. Nanga mukukaniranji?

MCHEMWALI: Usandinamizire, sindinakane zonse. Alamu ya gasi gula lero lomwe. Silinda ya makilogalamu 14.2 ija ikamatulutsa mpweya usiku Amma sangamve fungo, mphuno zidafooka. Ya pampu gula, mababu gula. Zimenezi zimathandiza munthu amene ali m'nyumbamo, ndipo ukasankha bwino zimagwira ntchito ngakhale intaneti itaduka. Koma makamerawo akuthandiza ndani? Amma saonapo kanthu. Woona ndiwe, pa foni yako ku Sharjah. Mtima wofuna kukhazikikawo ndi wako, koma wosuzumiridwa ndi Amma.

MCHIMWENE: Mukulankhula ngati ndikufuna kuwazonda. Amma akagwa, adziwa ndani? Inu kuchokera ku Kochi ndi maola pafupifupi atatu pamsewu, ine ndiye mpaka ndege. Munthu wamkulu akathyoka fupa la m'chiuno n'kugona pansi usiku wonse, mawa lake nkhani imakhala ina.

MCHEMWALI: Nkhalamba zimakonda kugwera kuti? Kubafa, pamatailosi onyowa. Uikako kamera kumeneko?

MCHIMWENE: Ayi, zimenezo ndiye ayi.

MCHEMWALI: Ndiye kamera yako idzaona mipando ya pabalaza Amma ali gone kubafa. Chimene chikufunika ndi zitsulo zogwirira kukhoma, mphasa yosaterera, ndi kabatani kovala m'khosi koti akakadina foni ya aneba ilire, yangayo pambuyo. Ukumbukenso mvula ya kuno. Kuyambira June mpaka September nthambi zimagwera pamawaya, magetsi n'kuzima. Mu August 2018, mtsinje wa Pamba utasefukira, magetsi ndi netiweki zidazimira pamodzi m'madera ambiri. Amene adatulutsa nkhalamba m'nyumba zomira anali aneba, asilikali, ndi asodzi amene adabwera ndi mabwato awo kuchokera kunyanja.

MCHIMWENE: Chigumula sichibwera tsiku lililonse, Chechi. Inveta ilipo kale, tingolumikizako rauta. Kuti chinthu chimalephera pa tsiku loipitsitsa sizikutanthauza kuti n'chopanda ntchito masiku ena onsewo. Ndipo pali nkhani ina imene mukuizemba. Amma amakhala ndi golide wawo mukabati, ndipo mudzi wonse ukudziwa kuti amagona okha. Masana mumalowa mayi wantchito uja. Sindikuti ndi wakuba. Koma tsiku lina ndolo ikadzasowa, woyamba kulozedwa chala adzakhala iyeyo, ngakhale Amma atangoiwala pamene adaiika. Kamera imuyeretsa.

Apa, kunena chilungamo, mnyamatayu adanena mfundo yomveka. M'nyumba za anthu opezako bwino, wantchito amaweruzidwa msanga ndipo alibe mboni. Mchemwali wake sadakane zimenezi. Adangoitembenuza nkhaniyo n'kuyamba kufunsa za mayiyo.

MCHEMWALI: Wamufunsa?

MCHIMWENE: Avomera, sangakane.

MCHEMWALI: Indedi sangakane, chifukwa malipiro ake amachokera kwa iwe. Kuvomera kwa munthu amene akuopa kutaya ntchito sindikuwerengera. Taganizira tsiku lake. Amafika m'mawa atanyowa ndi mvula, n'kusinthira zovala kuseri kwa chitseko cha khitchini. Akamaliza kukolopa amakhala pansi n'kumwa tiyi, nthawi zina amaimbira foni mwana wake. Amma amamudandaulira za mawondo, za atate, mwinanso za ife tomwe. Zonsezi zizipita m'thumba mwako? Ine ndimakhala m'fulati, ndipo ndimaona mmene mapulogalamu a pageti ngati MyGate amagwirira ntchito: wantchito akalowa foni ya bwana imalira, akatuluka imaliranso. Bwana akalowa kapena kutuluka palibe foni ya wantchito imene imalira. Zida zimenezi nthawi zonse zimayang'ana pansi, kwa wochepa.

MCHIMWENE: Palibe lamulo limene ndikuphwanya. Nyumba ndi yathu.

MCHEMWALI: Nyumba ndi ya Amma. Za lamulozo, mwina sulakwa. Pa 24 August 2017 oweruza asanu ndi anayi a Khoti Lalikulu la India, pa mlandu wa Puttaswamy, adagwirizana onse kuti kusungiridwa chinsinsi ndi ufulu wa munthu aliyense pansi pa malamulo oyendetsera dziko. Mu 2023 nyumba ya malamulo idakhazikitsa lamulo loteteza mbiri za anthu zosungidwa m'makompyuta, koma lamulolo silikhudza zimene munthu akusonkhanitsa pa zolinga zake za pakhomo. Ndiye wapolisi sakugogodera. Chatsala ndi chikumbumtima chako basi, ndipo n'chimene ndikulankhula nacho.

Za Alexa sadakanganepo nthawi yaitali. Kasipikako kadafika ku India mu 2017 kakumva Chingerezi, Chihindi n'kudzaonjezedwa mu 2019, pamene Amma moyo wawo wonse amalamula, kupemphera ndi kukalipa m'Chimalayalam. Mchemwali adakumbutsanso zimene Bloomberg idaulula mu 2019, kuti antchito a Amazon, eni ake a Alexa, ena a iwo ali ku India komweko, ankamvetsera ena mwa mawu ojambulidwa ndi zipangizozi pofuna kuzikonza kuti zizimva bwino. Mchimwene adangoti basi, kasipikako kasiyeni. Kudalinso za mawaya. Nyumba zakale zambiri za ku India zilibe waya wa nyutulo m'mabokosi a maswichi, pamene maswichi ambiri oyendera Wi-Fi amaufuna. Pulagi ya ma ampu 6 imakwanira nyale ndi TV, koma giza kapena makina oziziritsa m'chipinda amafuna ya ma ampu 16, apo ayi imatentha n'kusungunuka. Pa mfundo imodzi adamvana popanda kukokana: swichi iliyonse yatsopano ikhale yoti Amma akhoza kuidina ndi chala monga kale, foni ilipo kapena palibe. Kenaka adabwerera pa nkhani ya makamera ija.

MCHIMWENE: Inu mumatha kukwera basi Loweruka n'kukawaona. Ine ndimabwera kamodzi pachaka. Ngongole ya nyumbayo ndidalipira ndine, mankhwala ndimagula ndine, ndipo sindikudandaula. Ngakhale lamulo la 2007 losamalira makolo ndi okalamba likadapanda kukhalapo ndikadachitabe. Koma usiku ndikaweruka, m'chipinda chimene timagona amuna anayi, ndimafuna kungowaona akudutsa pabalaza ndi kapu yawo ya madzi. Kodi chimenechi n'cholakwa?

MCHEMWALI: Si cholakwa, ndipo ndikukumvetsa kuposa mmene ukuganizira. Koma tamvera. Panopa umaimba foni madzulo alionse chifukwa ulibe njira ina yodziwira kuti ali bwanji. Amma amasamba msanga, amapesa tsitsi, n'kukhala pampando uja kudikira. Ukaika kamera, tsiku lina utatopa udzangosuzumira, udzaona kuti ali bwino, n'kugona. Iwe udzakhala utawaona, iwo asanakuone. Mawa lake chimodzimodzi. Sudzachita dala, koma zidzatero ndithu.

MCHIMWENE: Mukundiweruza pa mlandu umene sindinapalamule.

MCHEMWALI: Mwina. Koma nawenso ukufuna kuika mayi wantchito uja pa kamera chifukwa cha ndolo imene sinasowe.

MCHIMWENE: Chabwino, ya kukhitchini ndaisiya. Koma ya pageti sindisintha. Anthu ogulitsa zinthu, opempha zopereka, onamizira kuwerenga mita, onse amagogoda pamenepo.

MCHEMWALI: Ya pageti ndavomera, bola ikhale ndi sikirini yake m'nyumba, kuti woyamba kuona mlendo akhale Amma. Iloze pageti pathu, osati pakhomo pa aneba. Mayi wantchito auzidwe isanaikidwe. Pasiwedi ya kufakitale uisinthe tsiku lomwelo, paja makamera osasinthidwa pasiwedi ndi amene anthu achilendo amatsegula mosavuta.

MCHIMWENE: Nanga ya pabalaza?

MCHEMWALI: Imeneyo ayankhe ndi Amma. Koma ufunse bwino. Usayambe ndi kuwauza kuti sugona tulo, chifukwa ukatero avomera ngakhale kamera ya kuchipinda. Uwauze kuti uzitha kuwaona nthawi iliyonse iwo osadziwa, uwaonetse batani lozimitsira, ndipo ulonjeze kuti akazimitsa sudzaimba kufunsa chifukwa.

MCHIMWENE: Akazimitsa ndiye ndidzada nkhawa kuposa kale.

MCHEMWALI: Udzaimba foni n'kufunsa za mawondo awo.

MCHIMWENE: Vuto ndi lakuti makamera atatu onsewo ndagula kale, Chechi. Afika Lachinayi.

MCHEMWALI: Adilesi walemba ya kuti?

MCHIMWENE: Ya kwa Amma.

MCHEMWALI: Isinthe, ulembe yanga ya ku Kochi. Loweruka ndipita ndi ya pageti yokha, pamodzi ndi alamu ya gasi. Makamera awiri otsalawo akhala mukabati mwanga mpaka utalankhula nawo, ndipo polankhulapo ine ndikhale pa foni yomweyo ndikumva.