Thukuta la Tony Browne ndi chikho chimene sanachigwire

Pa 7 Sepitembala 2008, anthu oposa 80,000 anadzaza bwalo la Croke Park mumzinda wa Dublin kudzaonerera fainali ya masewero a hurling ya dziko lonse la Ireland. Timu ya boma la Waterford inali itatha zaka 45 isanafikepo pa ndime imeneyi, ndipo kwawo misewu inali itavala mbendera zoyera ndi zabuluu. Pofika nthawi yopumulira, nkhani inali itatha kale. Kilkenny inawasambitsa chokweza, n'kupambana ndi zigoli 3 ndi mapointi 30, pamene Waterford inapeza chigoli chimodzi ndi mapointi 13. Kumbuyo kwa timu yogonjayo kunali bambo wa zaka 35, Tony Browne, amene anali atayembekezera tsikulo kuyambira ali mnyamata. Imeneyo inali fainali yake yoyamba, ndipo ina sanadzaionenso.

Hurling ndi masewero a anthu 15 mbali iliyonse. Aliyense amanyamula ndodo yosemedwa ku mtengo wa ash, yophwatalala kumapeto, ndipo amalimbirana kampira kolimba kachikopa kokwana m'dzanja, kotchedwa sliotar. Kampirako kakalowa muukonde ndi chigoli, chimene chimawerengedwa mapointi atatu. Kakadutsa pamwamba pa mtanda, pakati pa mizati iwiri italiitali, ndi pointi imodzi. Liwiro lake ndi loopsa, mano ndi zala zambiri zathera m'bwalo, ndipo zipewa zoteteza mutu zinakhala lamulo kwa akuluakulu mu 2010.

Koma chodabwitsa chenicheni chili kunja kwa bwalo. Bungwe loyendetsa masewerowa, Gaelic Athletic Association, linakhazikitsidwa m'tauni ya Thurles pa 1 Novembala 1884, ndipo mpaka lero osewera ake salandira malipiro. Munthu amene Lamlungu wachemereredwa ndi chikhamu cha anthu, Lolemba amalawirira ku ntchito yake ya uphunzitsi, upolisi, ulimi kapena ya ku banki. Palibe msika wogulitsirana osewera. Mwana amakulira m'kilabu ya parishi yake kapena ya dera lake, ndipo akakhala katswiri amasankhidwa kuti aimire boma lake mwa maboma 32 a chilumbachi. Malamulo amalola kusintha timu ngati munthu wasamuka, koma pakati pa akatswiri zimenezi ndi za apo ndi apo, ndipo anthu amaziyang'ana ndi diso lofiira. Pamsana pa jezi sipalembedwa dzina la munthu. Pamakhala nambala ya malo amene akusewera basi.

Browne anabadwa mu 1973 mumzinda wa Waterford. Kilabu yake ndi Mount Sion, imene inaphuka mu 1932 kuchokera pa sukulu ya dzina lomwelo. Sukuluyo anaiyambitsa ndi Edmund Rice mu 1802, wamalonda wolemera amene anataya chuma chake chonse pophunzitsa ana a amphawi, ndipo ndi pomwe panayambira chipani cha abulazala a Christian Brothers. Mu 1992 Browne anali kaputeni wa timu ya Waterford ya osapitirira zaka 21 imene inatenga chikho cha dziko lonse. Aliyense ankaona ngati zazikulu zili pakhomo.

Zina zinabweradi. Mu 1998 anasankhidwa kukhala wosewera wopambana onse m'dziko, ngakhale timu yake inagonja kwa Kilkenny mu semifainali ndi pointi imodzi yokha. Mu 2002 anagoletsa chigoli pamene Waterford inagonjetsa Tipperary n'kutenga chikho cha chigawo cha Munster koyamba kuchokera mu 1963. Chikho chimenechi anachitenganso mu 2004, 2007 ndi 2010. Katatu anasankhidwa m'gulu la All Stars, osewera 15 opambana a chaka. Ndi Mount Sion anatenga zikho zingapo za boma, komanso cha makilabu a Munster mu 2002. Koma chikho cha dziko lonse cha Liam MacCarthy, chimene mwana aliyense wogwira ndodo amachilota, chinkangomuzemba. Masemifainali anagonja ambirimbiri. Ya 2006 ndiyo imawawabe anthu a ku Waterford: atatsalira ndi pointi imodzi kwa Cork, mphindi zitatha, Ken McGrath, mnzake wa ku Mount Sion komweko, anamenya kampira kuchokera kutalitali, ndipo kankaoneka kuti kadutsa pamwamba pa mtanda. Goloboyi wa Cork, Dónal Óg Cusack, anatambasula ndodo yake m'mwamba n'kukakankhira pambali.

Tsono tiyeni tiwoloke mtsinje wa Suir. Malire a boma la Kilkenny ali kutsidya komweko, m'mphepete mwa mzinda wa Waterford. Makilomita pafupifupi 30 kumpoto kuli mudzi wa Ballyhale, kwawo kwa Henry Shefflin, amene anatenga chikho cha Liam MacCarthy maulendo 10 pakati pa 2000 ndi 2014. Palibe wotsutsa kuti Shefflin anali katswiri wa akatswiri, ndipo anavutikira ulemu wake, mpaka kuduka mtsempha wa bondo kawiri. Koma m'timu za Kilkenny za zaka zimenezo munalinso anyamata amene anakhala pa benchi, osaponda n'komwe m'bwalo tsiku la fainali, ndipo mendulo ali nazo m'nyumba. Browne alibe ngakhale imodzi. Akanabadwira tsidya linalo la mtsinje, bwenzi ali nazo zingati?

Apa ndi pamene nkhani ya masewero imasanduka funso lakale kwambiri. Kodi moyo wa munthu tiuyeze ndi zimene anachita, kapena ndi zimene zinatuluka? Akatswiri awiri a nzeru zakuya, Bernard Williams ndi Thomas Nagel, anakangana pa nkhaniyi mu 1976. Iwo anaona kuti tonsefe timavomereza pakamwa kuti munthu sayenera kuweruzidwa pa zinthu zimene sakanatha kuzilamulira, koma tikamayamika ndi kudzudzula anthu timachita zosiyana ndi zimenezo. Timapatsa munthu ulemu chifukwa cha kumene anabadwira, anzake amene anapezana nawo, ndi nyengo imene anakhalamo, ngati kuti zonsezo anazipanga yekha. Alimi awiri apalira mofanana, mvula yagwa kumunda kwa mmodzi, ndipo pamudzi amene amatchedwa wolimbikira ndi yemwe nkhokwe yadzaza.

Anthu achipembedzo amakodwanso mu msampha womwewu, mwinanso kuposa ena. Pali kalalikidwe kamene kamayesa chisomo cha Mulungu ndi zooneka: wapambana ndiye kuti wadalitsika, walephera ndiye kuti pali tchimo lobisika kapena chikhulupiriro chake n'chochepa. Amenewa ndi maganizo a abwenzi a Yobu, ndipo kumapeto kwa buku lija Mulungu sanawayamikire. Buku la Mlaliki nalo limavomereza poyera kuti pa zotsatira za mpikisano, nthawi ndi mwayi zili ndi gawo lake. Ena angafune kufanizira Browne ndi Mose, amene anaona dziko la Kanani ali pa phiri la Nebo koma osalowamo. Fanizo limeneli silikwanira, ndipo n'lopanda chilungamo, chifukwa Mose analetsedwa kulowa kaamba ka cholakwa chake pa madzi a ku Meriba. Browne sanalakwe kanthu. Anangopezeka kuti zaka zake zabwino zinagwera nthawi imodzi ndi timu ya Kilkenny ya mphunzitsi Brian Cody, imene ambiri amati ndiyo yoopsa kuposa zonse m'mbiri ya masewerowa.

Yankho limene limabwera msanga n'lakuti chikho chilibe ntchito, chofunika n'kuyesetsa. Yankholi lili ndi makolo ake olemekezeka. Epictetus, mmodzi wa anzeru otchedwa Asitoiki, amene anakhalapo kapolo ku Roma, ankaphunzitsa kuti munthu azisiyanitsa zimene zili m'manja mwake ndi zimene sizili m'manja mwake, n'kuika mtima pa zoyambazo. Cicero analemba za woponya muvi: ntchito yake n'kulunjika bwino, koma muvi ukachoka pa uta, mphepo ndiyo imalamula. Mu nzeru imeneyi muli mtendere, ndipo yathandiza anthu ambiri kupirira zinthu zolemera kuposa kugonja pa masewero.

Komabe pa nkhani ya Browne nzeruyi ikuperewera, ndipo kumuuza munthu ngati iyeyo kuti chikho chinalibe ntchito n'kumunyoza mosadziwa. Chimene chinkamutulutsa m'nyumba usiku wa Januwale, m'mvula yozizira ya ku Ireland, kukathamanga m'matope popanda wom'lipira, chinali chikhocho. Akanakhala kuti sankachifuna ndi mtima wonse, sakanafika pomwe anafika. Munthu sangauze mnyamata kwa zaka 20 kuti pereka zonse chifukwa cha chinthu ichi, kenako chikalephereka n'kumuuza kuti chinthucho chinali chachabe. Aristotle anali woona mtima pa mfundoyi kuposa Asitoiki: anavomereza kuti tsoka likhoza kuchotsadi kanthu pa moyo wa munthu wabwino, ngakhale silingamusandutse woipa. Browne anataya chinthu chenicheni. Chimenecho chiyenera kunenedwa mosabisa, ndipo anthu a ku Waterford amene analira tsiku lija sankalira zopusa.

Nanga n'chiyani chimene chatsala, ngati chikho chinali chofunikadi ndipo sichinabwere? Yankho lili pa zimene anachita fainali ija itadutsa. Wosewera wa zaka 35, amene wachititsidwa manyazi pamaso pa dziko lonse, palibe akanamudzudzula akanapachika ndodo. Iye anabwerera. Mu Julaye 2010, pa bwalo la Semple ku Thurles, Waterford inali kumbuyo kwa Cork ndi mapointi atatu mu fainali ya Munster, nthawi yoonjezera itatsala pang'ono kutha. Eoin Kelly wa Waterford anamenya mpira waulere molunjika pagolo, oteteza anaubweza, ndipo kampira kanagwera pakati pa miyendo ndi ndodo zambirimbiri. Amene anafika poyamba n'kukakwapulira muukonde kali pansi pomwepo anali Browne, wosewera kumbuyo, wa zaka 37, amene anathamanga kuchoka kumalo ake chifukwa anadziwa kuti mwayi wina sukhalapo. Analepherana, ndipo pa masewero obwereza Waterford inapambana ndi chigoli cha Dan Shanahan. Chaka chotsatira Tipperary inawathira zigoli 7 mu fainali ya Munster. Patangotha milungu iwiri anadzuka n'kugonjetsa Galway.

Kubwerera kotereku chikho sichingakuyeze, chifukwa kumaoneka pokhapokha chikho chikasowa. Shefflin anaonetsa kulimba mtima kwake m'njira zina, koma funso lakuti kodi angapitirize kusewera zaka 20 popanda mphotho yaikuluyo sanafunsidwepo. Browne ankafunsidwa funso limeneli chaka ndi chaka, ndipo chaka ndi chaka ankayankha ndi thupi lake. M'fanizo la matalente, pa Mateyu 25, wantchito wa matalente asanu ndi wa matalente awiri analandira chiyamiko chofanana ndendende, ngakhale phindu lawo linali losiyana. Wodzudzulidwa anali yekhayo amene anakwirira chake pansi poopa kutaya. Mbuye uja ankayang'ana kukhulupirika pa chimene munthu wapatsidwa, ndipo chimene Browne anapatsidwa sichinali luso lokha. Anapatsidwanso Waterford, ndi kuchepa kwake, ndi chilala chake cha chikho cha dziko lonse kuyambira 1959.

Wina atha kunena kuti kukhulupirika kumeneku n'kokakamiza, popeza dongosolo la masewerowa silimupatsa wosewera khomo lenileni lotulukira. Mfundoyi ili ndi mphamvu. Pali osewera aluso m'maboma ang'onoang'ono monga Antrim, Laois ndi Westmeath amene amadziwa asanayambe n'komwe kuti fainali sadzaiona, ndipo si chilungamo kuwauza kuti azikondwera ndi umphawi wawo pamene maboma atatu, Kilkenny, Cork ndi Tipperary, agawana zikho zochuluka kuposa ena onse pamodzi. Koma ngakhale munthu sasankha kobadwira, palibe lamulo lomukakamiza kusewera. Khomo losiyira linali lotsegula tsiku lililonse, ndipo kunalibe malipiro oti awataye. N'chifukwa chake kukhala kwake kuli ndi tanthauzo limene kontilakiti ya wosewera wolipidwa singakhale nalo. Anthu amene ankamuonerera ankadziwa makolo ake ndi msewu wakwawo, ndipo akagonja ankakumana nawo m'sitolo m'mawa mwake.

Chaka chake chomaliza ndi timu ya boma chinali 2013, ali ndi zaka 40, ndipo Waterford inatulutsidwa mu mpikisano ndi Kilkenny yomweyo, ku Thurles, masewero atafika mu nthawi yoonjezera. Analengeza zopuma mu Epulo 2014. M'chaka chomwecho cha 2013, timu ya Waterford ya osapitirira zaka 18 inatenga chikho cha dziko lonse, ndipo mmodzi mwa anyamatawo anali Austin Gleeson wa ku Mount Sion, amene anali ndi zaka zitatu pamene Browne ankalandira ulemu wa 1998. Mu 2016 Gleeson nayenso anasankhidwa kukhala wosewera wopambana onse m'dziko, m'chaka chimene Waterford inagonja kwa Kilkenny mu semifainali. Timuyi inafikanso mu fainali mu 2017 ndi 2020, ndipo inagonja kwa Galway ndi Limerick.