MALIPIRO A WANCHITO PAMENE KAMPANI YAGWA

Katekisimu aphunzitsa kuti alipo macimo ena opfuulira kumwamba, ndipo limodzi mwa iwo ndilo kumana wanchito malipiro ace. Buku la Deuteronomo, mutu 24, lilamula kuti waganyu wosauka alandire zace dzuwa lisanalowe, ndipo Yakobe Woyera, m'mutu 5 wa kalata yace, adzudzula eni cuma obisa malipiro a okolola. Lamulo limeneli ndi losabvuta pamene bwana ali ndi ndalama. Nanga kampani ikagwa ndi ngongole, katundu wace wosakwanira kulipira onse, ayambe kulandira ndani?

Pakhomo pa kampani yakugwayo paima magulu awiri. Loyamba ndi la mabanki amene adakongoza ndalama atalandira cikole, monga nyumba kapena makina. Laciwiri ndi la anchito, amene adakongoza thukuta lao mwezi ndi mwezi popanda cikole ciri conse.

Mlandu wotere unamveka m'dziko la India. Kampani ya Moser Baer, yopanga zimbale za kompyuta, inalamulidwa kutsekedwa m'caka ca 2018. Lamulo la dzikolo la caka ca 2016 ligawa cuma motere: poyamba alipira zoonongedwa pa nchito yotseka ndi kugulitsa, kenaka malipiro a anchito a manja a miyezi 24 yotsiriza alipidwa pamodzi ndi ngongole za mabanki amene apereka cikole cao kuti cigulitsidwe ndi katundu yense, pambuyo pace adza olembedwa nchito ena, amene awerengeredwa miyezi 12. Ndalama za penshoni sizilowa m'magawo amenewa, pakuti ndi za anchito eni ace. Bungwe la anchito a kampaniyo linadandaula kuti lamulo lakale linali kuwateteza koposa, koma m'caka ca 2023 Bwalo Lalikulu la India linagamula kuti lamulo latsopanolo silitsutsana ndi malamulo akulu a dziko.

Kugawana kotere kumveka bwino ndi citsanzo. Mabanki afuna 90, anchito afuna 10, koma katundu wagulidwa 50 cabe. Ali yense alandira theka la zace: mabanki 45, anchito 5. Pa pepala muyeso ndi umodzi, koma m'nyumba si umodzi ai. Banki yakongoza anthu ambiri-mbiri, ndipo mmodzi akalephera ena aibweza. Wanchito anali ndi bwana mmodzi yekha. Theka limene lamtayikalo ndi ufa wa ana ndi ndalama za sukulu.

Komabe Mkristu asafulumire kuyesa banki mdani. Ndalama zimene ikongoza ndi za anthu osungitsa, ndipo pakati pao pali amasiye ndi alimi. Cikole cikakhala copanda mphamvu, palibe adzakongoza, ndipo nchito zatsopano sizidzaoneka. Lamulo lacisanu ndi ciwiri la Mulungu liteteza wokongoza ndi wanchito yemwe.

Koma Eklezia sayesa awiriwa ofanana pa zonse. Papa Leo XIII, m'kalata yace Rerum Novarum ya caka ca 1891, anakumbutsa olemera kuti kudyera masuku pamutu anthu osauka nkoletsedwa ndi malamulo a Mulungu ndi a anthu. Papa John Paul II, m'kalata Laborem Exercens ya caka ca 1981, anaphunzitsa kuti nchito ya munthu itsogola, cuma citsata pambuyo. Cifukwa cace ncoonekeratu: makina sayenda okha, ndipo cikole cimene banki igwira cinapeza mtengo wace ndi manja a anchito. Nalonso bungwe la maiko loona za nchito, m'pangano lace la caka ca 1949, linagwirizana kuti bwana akagwa, anchito akhale m'gulu la oyamba kulipidwa.

Tsono bwalo la milandu ligamula za malamulo a dziko, koma mtima uli ndi bwalo lace. Mwini kampani amene aona kugwa kuli pafupi, nabisa katundu m'dzina la mkazi wace kapena la mbale wace, waba, ndipo kulapa kwace sikukwanira kufikira atabweza. Woikidwa kugulitsa katundu amene acedwetsa dala kuti malipiro ace acuruke, adya za amphawi. Wanchito amene azula zitseko ndi mawaya usiku, nanena kuti adzilipira yekha, abera anzace amene akudikira gawo lao.

Aphunzitsi a m'midzi asaganize kuti nkhaniyi ndi ya ku India kokha. Caona mnzako capita. Mkristu amene ali ndi sitolo, cigayo kapena munda, nabweza ngongole kwa wamphamvu cifukwa amuopa, namuuza waganyu kuti abwere mawa cifukwa alibe pomsumira, wacita cimodzi-modzi. Pa tsiku la ciweruzo Ambuye Yezu sadzafunsa za cikole. Adzafunsa ngati wanjala anadya.