Galu wogontha wa ku Australia ndi funso la chifuniro cha Mulungu

Ku Chisi, pachilumba cha m'nyanja ya Chilwa, palibe amene amasankhira galu mwamuna kapena mkazi. Agalu amapezana okha m'mapiri ndi padooko, ana n'kubadwira kuseri kwa khitchini, ena akuda, ena ofiira, ena amawangamawanga. Mmodzi akabadwa wopunduka, eni ake amati ndi mmene Mulungu walengera, ndipo sanama, chifukwa dzanja la munthu silinalowepo. Koma kuli malo kumene mawu omwewa amasanduka pobisalira, ndipo nkhani ya galu wina woweta ng'ombe imationetsa pamene pali malire.

Galuyu ndi Australian Cattle Dog. Chiyambi chake chili ku New South Wales m'zaka za m'ma 1800, pamene mlimi Thomas Hall anakweretsa agalu otsogolera ng'ombe ndi galu wakutchire wotchedwa dingo. Ntchito yake ndi kuthamangitsa ng'ombe poziluma kuzidendene, akumvera likhweru la mbuye wake kuchokera patali. Ana ake amabadwa oyera, mawanga abuluu kapena ofiira amadza pambuyo. Kafukufuku wa ku University of Queensland wa mu 2012 anayeza agalu 899 a mtunduwu, ndipo pafupifupi 11 mwa 100 aliwonse anali ogontha khutu limodzi kapena onse awiri. Gwero lake n'lodabwitsa: maselo amene amapereka mtundu ku ubweya amafunikanso mkati mwenimweni mwa khutu. Akasowa kumeneko, timaselo tolandira mawu timafa pakangopita milungu yochepa galu atabadwa, ndipo sitimeranso. Charles Darwin analemba kale kuti amphaka oyera a maso abuluu amakonda kukhala ogontha. Mwa agalu ena oweta nkhosa, monga Border Collie ndi Australian Shepherd, muli ubweya wamathothomathotho wotchedwa merle umene ogula amaukonda kwambiri. Mukakweretsa agalu awiri aubweya wotere, mwana mmodzi mwa anayi amatengera chibadwacho kwa makolo onse, ndipo ambiri mwa oterewa amakhala ogontha, akhungu, kapena zonse ziwiri.

Woweta amene akudziwa zimenezi n'kukweretsabe agalu awiriwo chifukwa ana okongola amagulidwa pa mtengo wokwera, sangaloze kumwamba mwana wogontha akabadwa. Anasankha yekha, zotsatira zake akuzidziwa. Mlandu wa munthu umakula molingana ndi zimene akudziwa. Hall sankadziwa za maselo a m'khutu, choncho sitingamuimbe mlandu. Woweta wa lero ali ndi njira yoyezera yotchedwa BAER, imene imaona ngati ubongo wa mwana wa galu wa milungu isanu ndi umodzi ukulandira mawu kuchokera ku khutu lililonse. Kuyeza n'kofunika chifukwa galu wogontha khutu limodzi amaoneka wabwinobwino, koma amatha kupatsira ana ake vutolo. Amene akana kuyeza poopa zimene angapeze wasankha kusadziwa, ndipo kusadziwa kochita kusankha sikuchotsa mlandu.

Wokhulupirira wina angatsutse potchula Eksodo 4:11, pamene Mulungu akuuza Mose kuti ndi Iye amene amapanga wosalankhula ndi wosamva, wopenya ndi wakhungu. Ngati zili choncho, munthu ndani kuti adzitengere mbali? Mawuwa ndi olemera ndipo sitiyenera kuwapeputsa. Koma tione chifukwa chimene ananenedwera: Mose ankakana ntchito podandaula za lilime lake lolemera, ndipo Mulungu ankamuchotsera chowiringula. N'zachilendo kutenga mawu amene anatsekera munthu njira yothawira udindo n'kuwasandutsa njira yathu yothawira. Msodzi wa ku Kachulu amakhulupirira kuti nsomba ndi mphatso ya Mulungu, komabe akakokolola timatemba tosakhwima ndi neti ya udzudzu, anzake samuuza kuti kuchepa kwa nsomba ndi chifuniro cha Mulungu. Ulamuliro wa Mlengi pa zonse sufafaniza gawo limene anasiya m'manja mwathu. Zoona, mwa Australian Cattle Dog makolo akumva bwino amatha kubala mwana wogontha. Zikatero woweta wosamala alibe mlandu. Mlandu uli pa amene anali ndi mpata wochepetsa ngoziyo n'kuutaya.

Kutsutsa kwina n'kovuta kwambiri, ndipo kuyenera kutiopsa. Ngati tikuti agalu ogontha asabale, kodi mawa sitidzanena zomwezo za anthu osamva? Izi zinachitikadi: lamulo la ku Germany la mu 1933 linkatseketsa mokakamiza anthu amene kusamva kwawo kunali kobadwa nako. Kusiyana kwake kuli apa. Galu wa mtundu wosankhidwa ali ndi mwini amene amamusankhira wokwerana naye, ndipo funso lathu likuweruza mwiniyo. Munthu alibe mwini wotere. Mnyamata ndi mtsikana osamva amene anaphunzira pasukulu ya ana osamva ya Maryview ku Nguludi kapena ya ku Mua akakondana, amadzisankhira okha, ali ndi chilankhulo chawo chamanja, ndipo palibe amene ali ndi ufulu woima pakati pawo. Komanso ana ambiri osamva kuno kwathu sanatengere kwa makolo: ndi zipsera za malungo aakulu, matenda oumitsa khosi kapena mafinya a m'khutu amene sanalandire chithandizo msanga. Pamenepanso funso loyenera likupita kwa ife amene tikanatha kuteteza.

Nanga mwana wa galu amene wabadwa kale wogontha? Kwa zaka zambiri oweta ena ankangowapha, ponena kuti galu wosamva likhweru alibe ntchito ndipo ng'ombe zingamuponde. Koma uku n'kulipiritsa cholengedwa chifukwa cha chisankho cha mbuye wake. Miyambo 12:10 imayesa chilungamo cha munthu ndi mmene amasamalira moyo wa chiweto chake, osatchula ngati chiwetocho chikupindulitsa. Agalu ogontha amaphunzira kumvera zizindikiro za manja, ndipo agalu oweta ziweto amaphunzira msanga chifukwa mwachibadwa amayang'anitsitsa mbuye wawo. Chimene amafuna ndi mpanda kapena chingwe pafupi ndi msewu, kudzutsidwa mosawadzidzimutsa, ndi kufulidwa kapena kutsekedwa kuti vutolo lisapitirire kwa ana.