KODI MLANDU NGWA CIKOMBOLE KAPENA NGWA WOUMBA?

Aliyense amene anaumbapo njerwa adziwa nchito ya cikombole. Mmisiri acikhoma kamodzi, anthu ambiri naponyamo dothi lao, ndipo njerwa zonse zituruka zofanana. Masiku ano m'mafoni mwalowa zikombole za mtundu wina, zoumbira timakanema tatifupi toseketsa timene anthu atumizirana pa TikTok, Facebook ndi WhatsApp. Pulogalamu yochuka pa nchito imeneyi ndi CapCut, ya kampani ya ByteDance, imene inapanganso TikTok. M'menemo munthu apeza zonse zokonzeratu: nyimbo, mau olembedwa, ndi malo oikapo cithunzi. Iye angoikamo nkhope, ndipo madzi a nsima asanawire, kanema watha.

Tione citsanzo cimodzi. Ku Ghana, m'tauni ya Prampram, kunachuka gulu la onyamula maliro lotsogozedwa ndi Benjamin Aidoo. Anyamatawa abvina atasenza bokosi pamapewa, cifukwa mabanja ena kumeneko afuna kuperekeza wakufa wao ndi cimwemwe, ndipo awaitana nawalipira. A BBC anawajambula m'caka ca 2017. Tsono m'caka ca 2020, mliri wa Covid-19 uli mkati, anthu anatenga kanema wao, namlumikiza ndi nyimbo yochedwa Astronomia, namsandutsa cikombole. Kaumbidwe kace nkotere: poyamba aonetsa munthu ali pafupi kugwa pa njinga yamoto kapena padenga; asanafike pansi, cithunzi cidumphira kwa obvina ndi bokosi aja, monga kunena kuti uyu wapita. Maiko ambiri anaseka.

Kubvina kwa a ku Ghana sitikutsutsa ai. Mwambo ndi wao, ndipo ofedwa anabvomera okha. Koma nanga uja wa pa njinga, anamfunsa ndani? Ambiri oseka sanadziwe dzina lace, ngakhale kudziwa ngati anadzukanso. Kapena amace anamuona kanemayo.

Wacinyamata adzayankha kuti: “Ine sindinapeke kanthu. Cikombole ndinacipeza, ndipo zikwi za anthu anaumbiramo ndisanayambe ine.” Yankho limeneli lioneka lanzeru, koma tiliyese. Wokonza cikombole anasiya malo opanda kanthu. Iye sadziwa mphunzitsi wacibwibwi wa pa sukulu yanu. Sadziwa mai amene anaterereka m'matope pa msika, citenje nicimasuka. Amene anasankha nkhopeyo ndiye anasandutsa nthabwala ya onse kukhala citonzo ca munthu mmodzi. Wokhoma cikombole conyoza ali nalo gawo lace la mlandu, indedi. Koma njerwa ikatema munthu, pabwalo afunsa woponya. Ndipo wotumiza kanemayo kwa ena watola njerwa yomweyo naiponyanso.

Cimene ciopsa koposa, m'kuganiza kwanga, ndi kufulumira kwace. Kale mkazi wofuna kudzudzula mnzace m'nyimbo ya pamtondo anayenera kupeka mau, kuwayesa, ndi kudikira tsiku losinja. M'masiku amenewo mkwiyo unkazirala, kapena wamkulu wina ankamletsa. Nyimboyo ikaimbidwa, inkathera m'mudzi momwemo, pakati pa anthu odziwa mutu ndi mcira wa nkhani, amene mawa lace adzakomana ndi wonyozedwayo kucitsime ndi kumaliro. Wonyozedwanso anali ndi mtondo wace woyankhirapo. Cikombole ca m'foni cacotsa nthawi yonse ija imene mtima unkadzifunsa, ndipo capereka munthu kwa alendo amene sadzamdziwa ndi kanthu kena, koma kugwa kwace kokha.

Wina adzati: “Koma zinacitikadi, sindiname.” Akatekisti athu adziwa kuti lamulo lacisanu ndi citatu sililetsa bodza lokha. Liletsanso mijedo, ndiko kuulula popanda cifukwa cokwanira zocititsa mnzathu manyazi, zingakhale zoona. Adziwanso kuti woononga mbiri ya mnzace ayenera kubweza. Apa mpamene pagona bvuto. Mbuzi yakuba ibwezedwa ndi cingwe cace; koma kanema amene walowa m'mafoni a anthu osawadziwa, mudzamtola bwanji? Kufufuta m'foni yanu sikufufuta mwa ena. Mungapepese kwa mai wa pa msika uja, iye nakukhululukirani, koma caka camawa mwana wace adzamuonabe kanemayo kusukulu.

Asatimve molakwa awerengi, ngati tidana ndi kuseka. Cikombole comweco ciumba bwino zithunzi za ukwati, za kwaya, za ana olandira Ukaristia woyamba. Ndipo mnyamata amene aikamo nkhope yace-yace nadziseka yekha sacimwira munthu. Onyamula maliro a ku Ghana aja anacita comweco m'caka ca 2020: anabvala zobvala zao, najambula uthenga wothokoza madokotala ndi wocenjeza anthu kuti akhale pakhomo ngati safuna kukabvinidwa ali m'bokosi. Anthu anasekanso kwambiri, ndipo nkhope zonse za m'kanemayo zinali za eni ace.