Foni muli nayo, kope muli nalo

Anzanga a ku Mwanza, tonsefe takulira pa benchi ya vidiyo shoo. Pa Boma, pa boda, kwa Kunenekude, ku Thambani, filimu timaidziwa. Tikatuluka m'menemo mkangano umafika mpaka pamsika: uyu wasewera bwino, apa dairekita watinamiza. Ndiye kuti diso tili nalo. Pakamwa tili napo. Chatsala n'cholembera basi.

Ku Spain kunali mlembi dzina lake Max Aub. Nkhondo yapachiweniweni itamuthamangitsa kwawo, anakakhazikika ku Mexico. Zaka zake zomaliza anazithera pa munthu mmodzi, Luis Buñuel, katswiri wopanga mafilimu. Anamufunsa mwini wakeyo, anafunsa abale ake, anafunsa anzake, mawu onse n'kumawajambula pa tepi. Aub anamwalira mu 1972 ntchito isanathe, koma zokambiranazo zinatuluka m'buku mu 1985. Chida chake pa ntchitoyi chinali khutu. Khutu lomwelo muli nalo inu.

Nanga athu akuno akuwalemba ndani? A Charles Shemu Joyah ntchito yawo ndi yoyeza malo, koma anatipatsa Seasons of a Life mu 2008, The Last Fishing Boat mu 2012, kenako The Road to Sunrise yomwe inapata mphoto ya AMVCA ku Lagos mu 2018. Mayi Joyce Mhango Chavula anali atatenga kale mphoto yomweyo mu 2016 ndi filimu yawo ya Lilongwe. Tinaomba m'manja, tinaika zithunzi pa Facebook, mawa lake tinaiwala. Koma mafunso enieni akadalipo! Ndalama anazipeza kuti? Magetsi atathima pakati pa kujambula anatani? Ndi sini iti yomwe anaidula mtima ukuwawa? Mayankho amenewa ndi sukulu yathunthu kwa mnyamata kapena mtsikana wofuna kuyamba, ndipo sukuluyo ikadali m'mitu ya eni ake.

Mutu wa munthu suchedwa kutsekeka. A Du Chisiza Jr anatisiya mu 1999. A John Nyanga, Izeki uja, mu 2016. A Eric Mabedi, Jakobo wake, mu 2021. Zomwe sitinawafunse anapita nazo. Izi zimandiwawa kuposa kusowa kwa makamera, chifukwa kamera imagulidwa.

Musati mpaka mukafike kaye ku Blantyre. Yambani pomwe mulipo. Alipo mnyamata amene amajambula maukwati ndi mavidiyo a kwaya, amene amakesha akulumikiza zithunzi pa laputopu yobwereka. Dairekita ndi ameneyo. Alipo mayi amene amaphunzitsa gulu la zisudzo kutchalitchi popanda sikiripiti, zonse zili pamtima. Dairekita ndi ameneyo. Pitani mukakhale nawo pansi. Funsani. Khalani chete, ayankhe. Funsaninso. Lembani tsiku, lembani malo, lembani dzina la aliyense amene anagwirako ntchito, ngakhale wonyamula mabatire.

Ndipo musamadelere zolemba. Nkhani ya William Kamkwamba wa ku Wimbe inayamba kukhala buku mu 2009, ndipo patatha zaka khumi Chiwetel Ejiofor anaisandutsa filimu yomwe dziko lonse linaonera pa Netflix. Kope linatsogola, kamera n'kulondola pambuyo.

Chingerezi chikukuvutani? Lembani m'Chichewa, kapena mmene mumalankhulira kwanu kwa Kanduku ndi kwa Nthache. Bandulo yachepa? Kujambula mawu pa foni sikufuna intaneti. Nthawi palibe? Mphindi makumi awiri zomwe mumadikira makasitomala a manachesi m'mbali mwa M6 zikukwanirani kulemba mafunso asanu.

Mafunso asanu. Munthu mmodzi. Sabata ino. Tchajani foni, mumuimbire, mugwirizane tsiku.