Kodi Kugwa Dala Ndi Chifundo Kapena Chinyengo?

M'madambo a m'tsinde mwa phiri la Chiradzulu, anyamata oweta mbuzi akaona kuti ziweto zakhuta amayamba kugwetsana. Nthawi zina wamkulu amagwa dala pofuna kuti mng'ono wake asalire. Kodi pamenepa wamchitira chifundo mwanayo, kapena wamnamiza?

Funso lotereli limapezekanso ku Iran, kumene kugwetsana ndi mwambo wolemekezeka. Kumeneko amuna amalimbitsira matupi awo m'nyumba yotchedwa zurkhaneh, kutanthauza nyumba ya mphamvu. Khomo lake limakhala lalifupi kuti ngakhale chiphona chilowe chowerama. M'katimo amatsikira m'bwalo lokumbidwa pansi ndi kumazunguza zibonga zolemera, motsata ng'oma ya mtsogoleri amene amaimba ndakatulo za Ferdowsi. Bungwe la UNESCO lidavomereza mwambowu m'chaka cha 2010.

Eni mwambowu amasimba za ngwazi yamakedzana, Pourya-ye Vali, imene idamva mayi wina akupempherera mwana wake kuti akapambane mpikisano wa m'mawa mwake. Wodzalimbana ndi mwanayo adali Pourya yemweyo. Kutacha, iye adagwa dala. Ambiri amamtamanda, ndipo ndi zoona kuti kugonja pamaso pa khamu mphamvu zilipo si chinthu chapafupi. Komabe mnyamata uja adapita kwawo atasenza ulemu umene sadaukhetsere thukuta. Nanga tsiku lokumana ndi mdani wopanda chisoni, adzamgwera ndani?

Amatchulanso Gholamreza Takhti, amene adapata mendulo ya golide pa masewero a Olympics ku Melbourne m'chaka cha 1956. Akuti polimbana ndi Alexander Medved wa ku Soviet Union, yemwe adali atavulala mwendo, Takhti sadaukhudze konse mwendowo. Kwina konseko adalimbana naye ndi mphamvu zake zonse, nagonja. Apa palibe adanamizidwa. Takhti adangokana kupambana chifukwa cha bala la mnzake, ndipo Medved adadziwa bwino lomwe chimene adachitiridwa. Chifundo chotere chidamsiyira ulemu wake, pamene cha Pourya chidamuyesa mnyamata uja khanda.

Mkulu wa kudambo uja angathe kuchita chimodzimodzi. Angaike dzanja limodzi kumbuyo, onse akuona, ndi kulimbana moona ndi dzanja lotsalalo. Mwina mng'onoyo adzagwabe ndi kulira, mawa lake nkubweranso.