Njanji ya ku Mulobezi Inalipiridwa Kale ndi Mitengo

Njanji zambiri zimayalidwa kuti zilumikize malo amene anthu akufuna kuti akhalepo mpaka kalekale, monga doko ndi mzinda. Njanji yonyamula zipika ili ndi khalidwe lina. Woiyala amadziwa kuyambira tsiku loyamba kuti chomwe ikukatenga chidzatha, pakuti ntchito yake ndi yokachimaliza. Zitsa zikachuluka kuposa mitengo, amazula zitsulo zija n'kukaziyala kutsogolo kumene kudakali mthunzi.

Mchitidwewu unakulira ku America. Ku Michigan, odula mitengo ya paini ankadikira nyengo yozizira kuti akokere zipika pa madzi oundana mpaka kumtsinje, n'kudikiranso kuti mtsinjewo udzaze ndi kuzikokolola kupita kumacheka. Nyengo ndiyo inkawaikira malire, ndipo mtengo womera kutali ndi madzi unkapulumuka. Cha m'ma 1877 Winfield Scott Gerrish anayala kanjanji kolowa m'nkhalango, ndipo mu 1881 Ephraim Shay analembetsa m'boma injini yake yotha kukwera zitunda ndi kukhota pa njanji yoyalidwa mothamanga. Malire aja anatha pomwepo. Anayamba kudula chaka chonse, paliponse, ndipo pofika 1900 paini wa ku Michigan anali atatsala wochepa, makampani akusamukira kumwera ndi kumadzulo.

Nkhani yomweyi inachitikanso pafupi nafe, kumadzulo kwa Zambia. Pa mchenga wa Kalahari, kumpoto kwa mtsinje wa Zambezi, pamamera mukusi, mtengo wofiirira, wolemera, umene chiswe chimaulephera. Mlatho wa pa mathithi a Mosi-oa-Tunya utatha mu 1905, njanji ya atsamunda inapitirira kulowera ku Broken Hill, kumene lero ndi ku Kabwe, mpaka kumalire a Congo. Kilomita iliyonse ya njanji imagona pa zipika zoposa 1,000, ndipo m'dziko la chiswe zipikazo zimafuna mtengo wonga mukusi. Pamenepa ndi pamene panabadwira kampani ya Zambezi Sawmills m'zaka za m'ma 1910. Poyamba ng'ombe ndizo zinkakoka zipika mpaka kumtsinje, ngalawa n'kuzitsitsira kufupi ndi Livingstone. Mitengo ya m'mbali mwa madzi itatha, m'zaka za m'ma 1920 kampaniyo inayamba kuyala njanji yakeyake yolowera kumpoto chakumadzulo. Inakafika ku Mulobezi, mtunda wa makilomita oposa 160, kenako n'kupitirira mpaka ku Kataba, nthambi zake zikulowa ndi kutuluka m'nkhalango motsata kumene nkhwangwa zafika. Zitsulo zina zinali zogwiritsidwapo kale ntchito, zochokera pa njanji yakale ya pakati pa Cape Town ndi Wellington ya m'zaka za m'ma 1860, ndipo mainjini ake analinso okalamba, ogulidwa kwa makampani ena a njanji. Sanaike ndalama zomangira chinthu chokhalitsa, chifukwa sanalinge zokhalitsa.

Pali masamu amene ndikufuna kuti tiwaone bwinobwino, chifukwa ndi amene amapha nkhalango kuposa nkhanza za munthu aliyense payekha. Injini, mabogi, milatho ndi makina ochekera ndi ndalama zambiri zolowetsedwa nthawi imodzi. Tsiku lililonse limene sitima yaima, mwini wake akuluza. Choncho kuchuluka kwa mitengo yodulidwa pa sabata kumachokera pa njala ya macheka ndi ngongole ya kubanki. Mukusi nawo uli ndi kalendala yake: kuti ufike pa msinkhu wocheka matabwa umafuna zaka zoposa 100. Palibe kampani imene ingadikire choncho, ndipo palibe imene inayesapo.

Chinanso n'chakuti nkhalango ya mukusi siibwerera yokha mukaitsegula. Pansi pa mitengo ikuluikulu pamakhala zitsamba zowirira zimene anthu a kumeneko amazitcha mutemwa. Mthunzi ukachoka, mutemwa umakula mothina, nthambi zotsala podula zimauma pomwepo, ndipo moto wa m'chilimwe umapeza nkhuni zokwanira. Mukusi uli ndi khungwa losapirira moto. Mbande zochepa zomwe zamera zimapsa, zina zimadyedwa ndi agwape ndi mbewa. Kumene kunali nkhalango yoti munthu n'kuyenda tsiku lonse osapsa ndi dzuwa kumasanduka tchire la minga. Kuwononga kwenikweni kunkapitirira zaka zambiri sitima itachoka kale.

Wina anganene kuti ndikuiwala zabwino, ndipo ali ndi mfundo. Zambezi Sawmills inali m'gulu la olemba ntchito akuluakulu a ku Livingstone, makamaka likulu la dziko litasamukira ku Lusaka mu 1935, tauniyo n'kutsala ikufunafuna chodalira. Anthu anaphunzira kuyendetsa injini, kusula zitsulo, kunola macheka, ndipo ana ambiri anapita kusukulu ndi malipiro amenewo. Ufumu wa Alozi, kuyambira m'nthawi ya Litunga Yeta Wachitatu amene analamulira kuchokera 1916 mpaka 1945, unkalandirako msonkho wa mitengo. Zonsezi n'zoona. Koma malipiro amadyedwa mwezi womwewo, pamene mtengo wa zaka 200 unapita kukagona pansi pa sitima za mkuwa kapena kukakhala matabwa okongola oyala pansi m'nyumba za ku Bulawayo ndi Johannesburg. Amene anagulitsa anagulitsa chuma cha zidzukulu pa ndalama yodyera lero, ndipo zidzukuluzo sizinali pa bwalo pomwe ankagwirizana.

Mu 1968, pulezidenti Kenneth Kaunda atalengeza ku Mulungushi kuti boma litenga magawo 51 pa 100 alionse m'makampani akuluakulu, Zambezi Sawmills inali pa mndandandawo. Boma linalandira kampani imene mitengo yake yabwino ya kufupi ndi njanji inali itapita kale. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970 sitima zonyamula zipika zinaleka kuyenda. Katswiri wojambula zithunzi wa ku Britain, David Shepherd, anaonekera mu kanema wotchedwa Last Train to Mulobezi, ndipo imodzi mwa mainjiniwo anapatsidwa n'kupita nayo ku England. Malo okonzera mainjini a kampaniyo ku Livingstone lero ndi nyumba yosungiramo mbiri ya njanji.

Sindikudana ndi kusunga mainjini akale. Ndi okongola, ndipo mwana ayenera kuona makina amene agogo ake ankasonkhezera moto. Chimene chimandipweteka n'chakuti chikondi chathu chimathera pa chitsulo. Alendo amajambula injini yopukutidwa bwino, pamene kumapeto ena a njanji yomweyo kuli anthu amene sanachoke mitengo itatha. Midzi inamera m'mbali mwa njanjiyo chifukwa cha ntchito ya kampani, ndipo kwa ambiri a iwo, makamaka nthawi ya dzinja misewu ya mchenga ndi madambo ikavuta, sitima ndiyo yokhayo yotengera ng'ombe kumsika, wodwala kuchipatala chachikulu, ndi thumba la ufa kubwera nalo kumudzi. Kwa zaka zambiri sitimayi yakhala ikukwawa pa zitsulo zotha, ulendo wa makilomita 160 n'kumatenga mpaka masiku awiri.

Nthawi zonse nkhani yokonza njanjiyi ikabuka, pamamveka funso lakuti kodi ibweza ndalama? Funso limeneli likubwera mochedwa. Njanjiyi inabweza kale ndalama zake kwa zaka pafupifupi 50, kungoti sizinatsale ku Mulobezi. Mukusi wa kumeneko unanyamula sitima zimene zinatulutsa mkuwa wolemeretsa dziko lonse. Kuyala zitsulo zatsopano ndi kukonza milatho ya kumeneko ndi kubweza ngongole, ndipo boma la Zambia, limene linalowa m'malo mwa kampaniyo, ndilo liyenera kubweza.

Ndipo tisaganize kuti mchitidwe uja unatha pamodzi ndi sitima za nthunzi. Lero ntchito yomweyo ikugwiridwa ndi malole ndi macheka a petulo. Mtengo wa mukula wa ku Zambia watuluka wochuluka kupita ku China, mpaka mu 2019 mayiko a m'pangano la CITES anavomera pempho la Malawi loti malonda a mtengowu aziyang'aniridwa ndi ziphaso. Masamu ake ndi omwe aja: lole yogulidwa pa ngongole siyenera kugona. Kusiyana kwake n'kwakuti kampani ya njanji inali ndi dzina, ofesi ndi mabuku, moti lero tingathe kuloza kuti uyu ndiye anadula ndipo ichi ndicho anasiya. Lole imalowa usiku, imatuluka tambala asanalire, ndipo mudzi umene wataya mitengo yake sutsala ndi sitima, ngakhale yokwawa, yoti n'kukwera popita kuchipatala.